Tsiku Limene Magwaza Anagwidwa ku George

Hosea Chibwe anachita zisudzo zaka makumi awiri ndi zisanu ndi chimodzi, koma anthu a mu Lusaka odziwa dzina lake lenileni sakanadzaza ndi minibasi imodzi yomwe. Ambiri ankangomutchula kuti Magwaza.

Anabadwira ku Matero. Bambo ake anali Mbemba wa ku Kitwe, wowotcherera zitsulo, mayi ake Mchewa wa ku Katete wogulitsa makala. Zisudzo anaziyamba ali pasukulu, tsiku limene anagwidwa akutsanzira kayendedwe ka mphunzitsi wamkulu kuseri kwa zimbudzi. Anakwapulidwa zikoti zinayi, kenako mphunzitsi yemweyo anamulemba m'gulu la masewero. Atasiya sukulu analowa kagulu ka anthu asanu ndi mmodzi kamene kankayenda ndi ng'oma ziwiri m'misika ndi pamakiliniki, kuphunzitsa anthu za Edzi, ndipo zaka zitapita, za kolera. Hosea ankasanduka chilichonse chimene sewero likufuna: mwamuna chidakwa, mneneri wonyenga, mayi woyembekezera wa pilo m'mimba. Anthu ankaseka mpaka kugwira nthiti, ng'oma zikaleka n'kubalalika, osafunsa kuti munthuyo ndani. Malipiro nthawi zambiri ankakhala sikipa ya bungwe ndi botolo la chakumwa. Kaguluko katatha, anayamba kutsogolera mwambo pamaukwati a m'makomboni, ndipo Loweruka lina ankadzipaka utoto woyera kumaso kukaseketsa ana a anthu olemera ku Kabulonga, n'kubwerera kwawo ku Mtendere wapansi, utoto udakali m'makutu.

Mkazi wake Mainess, amene ankagulitsa salaula, zovala za kaunjika, pamsika, ndiye ankagwira pakhomo. Sankamunyoza ayi. Ankangonena kuti iye anakwatiwa ndi amuna makumi atatu, koma pa onsewo palibe ndi mmodzi yemwe wodziwa mtengo wa ufa.

Mwayi unamupeza ali ndi zaka makumi anayi ndi zisanu. Rodgers Mpundu, munthu wa kamera imodzi ndi maloto ambiri, ankakonza sewero loonetsedwa sabata ndi sabata pa wailesi ina yaing'ono ya kanema. Anamuona Hosea paukwati wina ku Kalingalinga, nayang'anitsitsa nkhope yake yaitali, maso olowa mkati, ndi chipsera cha patsaya chimene anachitenga ali mwana atagwera pambaula.

"Ba Hosea, nkhope iyi muiwononga na kusekesa banthu," anatero Rodgers. "Iyi ni nkhope yoopsa."

Anamupatsa malo a Magwaza, munthu wotumidwa ndi mkulu wina wa bizinesi kukaba anthu ochitira zizimba. Magwaza sankayankhula zambiri. Ankaima pakona atavala chikhoti chakuda, akutokosa m'mano ndi kamtengo ka machesi, n'kumayang'ana. Hosea anaiphunzira ntchitoyo ndi mtima wonse, mpaka kuyeserera kayang'anidwe pagalasi la Mainess loonera makasitomala. Patangotha miyezi ingapo, mayi wina m'minibasi anachotsa mwana wake pafupi naye n'kumuika mbali inayo. Wina wogulitsa tomato anakana kumugulitsa, nati ayambe wabweza mwana wa eni. Hosea ankabwera nazo nkhanizi kunyumba akuseka. Kwa iye zinali ngati mphotho.

Kumayambiriro kwa chaka cha 2020 kunagwa mantha. Mbiri inachokera kumigodi n'kufika mu Lusaka, yoti kuli anthu oyenda akupopera mankhwala m'nyumba za eni, kuti okhalamo akakomoka awatenge magazi. Anthu ankawatcha a gasi. Ochepa okha ndiwo ankati amuona wopoperayo ndi maso awo, koma aliyense ankadziwa wina amene anamuona. Amuna analeka kugona, nayamba kulondera misewu ndi zibonga. Mlendo akasochera m'komboni ya eni, ankafunsidwa mafunso amene yankho lake lililonse linali lolakwika. Ena sanabwerere kwawo.

M'sabata ngati imeneyo ndi mmene Rodgers anaimba foni, Lachinayi, kunena kuti Loweruka teni koloko m'mawa akajambula ku komboni ya George, panyumba ya mnzake wina, pafupi ndi chigayo chopakidwa utoto wobiriwira. Linali gawo lomaliza, limene Magwaza amagwidwa. Rodgers anati mkulu wina wa wailesi yaikulu walonjeza kudzaliona gawolo likatha.

Loweruka m'mawa Mainess anamupeza akulongedza m'chikwama. Anaima pakhomo atanyamula mtolo wake wa salaula pamutu, nayang'ana zimene zinkalowamo: chikhoti chakuda, chipewa chophimba nkhope yonse kusiya maso, chikwanje cha labala, botolo la magazi abodza amene Hosea ankapanga yekha ndi shuga ndi utoto wa makeke, ndi kabotolo kopopera kamene ankathiramo madzi kuti nkhope izioneka ya thukuta pakamera.

"Ba Hosea, muziba nthawi yamene tilimo?" anafunsa Mainess. "Ivi vinthu muyenda navo ku George? Lero?"

"Ni nchito, ba mayi. Ni muzuba uno, banthu baniona."

"Uzani ba Rodgers basinthe siku."

"Zaka zingati nayembekeza? Munthu wa ku siteshoni ikulu azaona. Nikakana lero, bazaika wina chipewa, ndani azaziba?"

Mainess anatsitsa mtolo, nakhala pansi pakhomo pomwepo ngati wofuna kutseka njira. Anamuyang'ana mwamuna wake nthawi yaitali. Kenako anadzuka, nadzisenzanso mtolo uja yekha, osalola kuti amuthandize.

"Wakutsina khutu ni munansi," anatero, n'kumapita.

Hosea anakwera minibasi ya m'tauni, nasinthira ina ya ku George. Kumwamba kunali mitambo koma mvula siinkagwa, kunali chifundizi chokhachokha. M'minibasi yachiwiriyo anthu anali chete modabwitsa, ngakhale kondakitala sankakuwa. Atatsika anaimbira Rodgers. Foni inali yozima. Anaimbanso, chimodzimodzi.

Sanade nkhawa kwambiri. Chigayo chobiriwira sichingasowe. Analowa mumsewu wa matope wodutsa pakati pa nyumba za mabuloko, nadumpha zithaphwi, nafika pampopi pamene amayi anali pamzere ndi zigubu. Anapereka moni n'kufunsa za chigayo. Mtsikana wina analoza ndi mlomo chakumanzere. Anapita kumanzereko, napeza chigayo choyera, chotseka. Anabwerera. Anadutsanso pampopi paja, ndipo ulendo uno macheza onse analeka iye asanafike. Anamva maso awo kumsana ngati dzuwa. Anayesa kanjira kena, kanamuzungulitsa kuseri kwa tchalitchi cha malata n'kumutulutsira pampopi pomwe paja.

Apa m'pamene mtima unayamba kumuuza kuti abwerere kusiteji. Anatembenuka, koma kutsogolo kwake kunali kutaima anyamata atatu. Wapakati, wamtali, wa maso ofiira ngati munthu amene sanagone sabata yathunthu, anali ndi mpini wa khasu m'manja. Dzina lake, monga Hosea anadzamva pambuyo pake, linali Nkole.

"Ba mudala, aka ni kachitatu mupita pano," anatero Nkole. "Mufuna ndani?"

"Nisakila chigayo cha girini, mwana wanga. Kuli banzanga, tili na dirama."

"Kuno kulibe chigayo cha girini."

"Baniuza kuti pafupi na..."

"Banzanu ni bandani? Zina."

Dzina la mwini nyumba Hosea sankalidziwa. Rodgers anangoti mnzake. Anatchula la Rodgers, ndipo anyamatawo anayang'anana.

"Muli chani mu chola?"

"Vovala chabe. Va dirama."

"Segulani."

Hosea anayesa kutsegula, zipi inakana. Mmodzi wa anyamatawo analanda chikwamacho n'kuchikhuthulira pamatope. Chinayamba kugwa chikhoti. Kenako chipewa chija, maso ake awiri obooka atayang'ana kumwamba. Chikwanje. Botolo lofiira linagubuduka mpaka kumapazi a mayi wina amene anali atasendera kuchokera pampopi. Pomalizira panagwa kabotolo kopopera.

Hosea anamva madzi akudzaza m'chigubu pampopi, mpaka kusefukira, popanda wotseka.

Mayi uja ndiye anayamba kukuwa. Sanali mawu, unali mfuu chabe, wautali, ndipo unayankhidwa kuchokera kumbali zonse. Zitseko zinatseguka. Malikhweru analira. Anthu ankatuluka m'tinjira timene Hosea sanationepo, ena atanyamula miyala, ena matabwa, wina supuni yaikulu yophikira imene anaiwala kuisiya.

"Bamugwira! Bamugwira wa gasi!"

"Imwe banthu, mverani!" Hosea anakweza manja. Liwu lake, limene linkafika kumapeto kwa msika popanda chokuzira mawu, linatuluka laling'ono ngati la mwana. "Ndine wa masewero! Ichi chikwanje ni cha labala, gwirani muone!"

Palibe anagwira. Bambo wina wonenepa anasuzumira pamapewa a anzake, nayang'anitsitsa chipsera chija.

"Namuziba uyu! Namuziba! Ni Magwaza!"

Hosea anatembenukira kwa bamboyo msanga. "Ee, ndine! Ndine Magwaza wa pa tivi! Mwaona, ba tate aba baniziba!"

"Ni wamene anatenga kamwana ka sukulu!" anakuwa mayi wina kumbuyo. "Namuona na menso yanga, anakaika mu saka!"

"Ni pa tivi paja, mayo! Ni sewero!"

Koma mawu akewo sanapite patali. Kumbuyo kwa gulu, kumene anthu sankaona kanthu, kunafika mawu awiri okha: mwana, ndi saka. Ambiri a iwo nkhopeyo ankaikumbukira ndithu, koma sankakumbukira kuti anaiona kuti. Ankangodziwa kuti anaionapo, ndipo mmene anaionamo inali ndi mpeni.

Hosea anagwada msanga, natola kabotolo kopopera. Gulu lonse linabwerera m'mbuyo nthawi imodzi, ena atatseka mphuno ndi zitenje. Anatsegula pakamwa n'kudzipopera, kawiri, katatu, nameza.

"Ni manzi chabe! Onani, ni manzi!"

"Anakhwima uyu," anatero wina mwakachetechete, koma onse anamva. "Mankhwala yake siyamugwira."

Mwala woyamba unamupeza kukhutu la kumanzere. Anamva ngati chitsulo chalira mkati mwa mutu, dziko n'kupendekeka. Mpini wa Nkole unamugwetsa chammbali. Zitatero sanathenso kuwerenga. Anadzipinda, nabisa mutu m'mikono, nalawa matope osakanikirana ndi magazi enieni, amchere, osatsekemera ngati ake aja. Wina anamusolola foni m'thumba. Wina anamuvula nsapato imodzi. Kudzera m'khutu limene linatsala anamva mawu amene ankawaopa kuposa miyala.

"Leta tayala!"

Anamudzutsa n'kumukhazika pansi. Tayala lakale la minibasi linatsika pamutu pake n'kukhala pamapewa, lolemera, lodzaza madzi a mvula amene anamukhuthukira pachifuwa. Fungo la petulo linamufika asanaone botolo. Anaganiza za Mainess akudzisenza yekha mtolo. Anafuna kupemphera, koma m'mutu munkangobwera mizere ya sewero la tsikulo, imene anailoweza sabata yonse.

"Imani! Lekani ba Norah bamuone!" Anali Nkole. "Ni beve bamene mwana wawo anapoperewa. Lekani bapite!"

Gulu linapatuka. Panatulukira mayi wamfupi, wa zaka ngati makumi atatu ndi zisanu, atavala chitenje chofwifwa ndi juzi yachimuna. Anali mlongo wake wamkulu wa Nkole. Mwana wake wamkazi Chipo, wa zaka zisanu ndi ziwiri, anali atakomoka dzulo lake m'nyumba, atadandaula za fungo lachilendo, ndipo Norah anali atangobwera naye kuchokera kukiliniki m'mawa womwewo. N'chifukwa chake dera lonselo linali ngati udzu wouma.

"Ba sisi, ni uyu," anatero Nkole, akupuma mwabefu. "Onani vinthu vake. Ni uyu anafuna kupaya Chipo."

Norah anayang'ana zinthu zili pamatopezo chimodzichimodzi. Kenako anayang'ana Hosea. Maso ake anali ouma, otopa, opanda chifundo chilichonse chimene Hosea akanachigwirira.

"Ni Magwaza, ba Norah!" wina anakuwa. "Wa pa tivi uja woba bana!"

"Ine nilibe tivi," anayankha Norah, osatembenuka. Anawerama pang'ono. "Imwe, ndimwe bandani?"

"Hosea Chibwe." Mawu ankatuluka movutikira, mano ena anali atachoka. "Nikhala ku Mtendere."

"Muli na bakazi?"

"Ee."

"Nambala yawo."

Anaitchula. Pakati anasokoneza, nayambiranso. Norah anatulutsa kafoni kake kakang'ono m'chitenje, nadina manambala pang'onopang'ono, naika kuti onse amve. Anthu apafupi anakhala chete, akutali akukuwabe. Foni inaitana kamodzi, kawiri, kasanu. Mnyamata wa petulo anali atatsegula kale botolo.

"Halo?" Kumbuyo kwa mawu a Mainess kunkamveka phokoso la msika.

"Bamuna banu bali kuti?"

"Ndimwe bandani imwe mufunsa bamuna banga?"

"Yankhani chabe. Bali kuti, bachita nchito bwanji?"

Mwina Mainess anamva mfuu wa gulu, chifukwa mawu ake anasintha.

"Bayenda ku George kuchita dirama. Nabalesa, sibanamvere. Ni ba Hosea Chibwe, bali na chipsera pa saya, banagwera pa mbaula bali mwana. Mayo, chachitika ni chani? Bali moyo? Napapata, ni munthu wa masewero chabe, nkhuku yeka sakwanisa kupaya! Napapata!"

Nkole analanda foniyo n'kuidula. "Na ba gasi bali na bakazi," anatero. "Banapangana kale vokamba."

"Zoona!" gulu linavomera. "Muotcheni!"

Norah anatenga foni yake m'manja mwa mlongo wake. Sanakweze mawu. "Nkole, mailo pamene Chipo anakomoka, unamuona uyu munthu pa nyumba panga?"

"Awe, koma..."

"Na ine sininamuone. Sininaone munthu aliyense. Chosa tayala."

"Ba sisi!"

"Ndine ninakupapa pa musana iwe. Chosa tayala. Ngati ni wa gasi, azakamba kuli ba polisi banzake bali kuti. Mukamuotcha, azakamba chani?"

Nkole sanasunthe. Norah anagwira tayalalo yekha ndi manja awiri, nalikankhira m'mwamba, likumukwalula Hosea kukhutu lovulala lija. Anamugwira kolala n'kumukoka. Hosea anakwawa, kenako anaima, mwendo wina uli ndi nsapato wina ulibe. Nyumba ya Norah inali mapazi makumi awiri okha kuchokera pamenepo, koma anthu sanapatuke msanga. Mayiyo ankangoyenda molunjika, akukankha zifuwa za amuna ndi chigongono. Thabwa lina linamuphonya Hosea n'kumenya Norah paphewa. Sanaime. Atafika anamuponyera mkati, nalowa, natseka chitseko ndi chitsulo chopingasa.

M'nyumbamo munali mdima. Zinali zipinda ziwiri, denga la malata lopanda siling'i. Pamatiresi pakona panagona kamtsikana, maso ali tong'o. Hosea anatsamira khoma n'kutsetsereka mpaka pansi.

"Mayo, Mulungu akudaliseni," anayamba.

"Khalani chete. Khalani kuja, kutali na mwana." Norah anatenga munsi umene unali kuseri kwa chitseko, nakhala pampando pakati pa iye ndi matiresi. "Osaganiza kuti nakukhulupirirani. Siniziba ngati ndimwe olo sindimwe. Mukasuntha chabe, nizamaliza neka."

"Nanga mwanipulumusira chani?"

"Sinifuna munthu apsere pa khomo panga mu zina ya mwana wanga. Azakula bamuloza chala."

Kenako anaimbira apolisi, nafotokoza njira kawiri, momveka bwino, kuyambira pasiteji mpaka pampopi. Anamuuza kuti galimoto ili ku dera lina kumene kwabukanso zomwezo, ibwera ikangomasuka.

Mwala woyamba unagwa padenga ngati mfuti. Chipo analira, mayi ake namukokera pachifuwa ndi dzanja limodzi, linalo lili pamunsi. Miyala inatsatana. Fumbi ndi dzimbiri zinkagwa kuchokera kumalata. Galasi la zenera linasweka, dzanja la munthu linalowa pakati pa zitsulo zotchinga n'kukoka katani. Hosea anaona nkhope zikusinthana pazenerapo, ndipo anazindikira kuti phokoso lakula kuposa poyamba. Mbiri inali itafika kumadera ena a komboni. Amene ankafika tsopano sankamudziwa Norah, sankadziwa za Chipo. Anangomva kuti wa gasi wabisidwa m'nyumba.

"Ni mukazi wake wamubisa!"

"Bali pamozi! Otchani nyumba yonse!"

Norah anamuyang'ana Hosea, ndipo kwa nthawi yoyamba mantha anaoneka pankhope pake. Hosea anayang'ana mwanayo. Nthiti zinkamubaya akapuma. Anagwira khoma, nayesa kuimirira.

"Segulani, nichoke," anatero. "Bazaotcha na mwana."

Sanadziwe ngati akunena zoona kapena ngati miyendo yake ingavomere kufika pachitseko. Norah anayang'ana chitsulo chopingasa chija nthawi yaitali, ndipo Hosea anaona kuti akuganizadi zotsegula.

Panja, pachitseko penipeni, panamveka liwu losasa. Linali la Nkole.

"Iyi ni nyumba ya ba sisi banga! Muli mwana mukati, wamene anadwala! Wamene azaleta petulo pano ayambe na ine!"

"Choka iwe!"

"Sinichoka! Chola, Kumbu, bwerani kuno! Imani apa!"

Kunamveka kukankhana, mpini ukugunda thabwa, munthu akutukwana. Msana wa wina unagunda chitseko mpaka fumbi linatuluka m'mahinjesi, koma unali msana wa munthu woyang'ana kunja. Anyamata omwe aja, Nkole ndi anzake Chola ndi Kumbu, amene anamugwetsa Hosea tsopano ndiwo anaima pakhomo, osati chifukwa cha iye, koma chifukwa cha amene anali naye mkati.

"Khalani pansi," anatero Norah.

Anakhala. Nthawi inayenda mwa njira yake. Hosea ankawerenga miyala ya padenga, kenako analeka. Magazi a kukhutu anauma n'kumata kolala pakhosi. Chipo analeka kulira, nayamba kumuyang'anitsitsa kudzera pansi pa mkono wa mayi ake. Mwachizolowezi cha zaka zonse zija, nkhope ya Hosea inafuna kuchita kanthu koti mwana aseke, koma milomo inali yotupa, ndipo chimene chinatuluka chinamuchititsa mwanayo kubisa maso. Sanayesenso.

Linali litadutsa ola limodzi ndi theka pamene kunamveka kuphulika kuwiri chakumsewu, kenako mapazi ambiri akuthawa. Utsi wokhetsa misozi unalowa pazenera losweka. Norah anaviika chitenje m'ndowa n'kuphimba nkhope ya mwana. Chitseko chinagogodwa ndi chinthu cholimba, munthu nanena kuti ndi apolisi. Anamutulutsa Hosea atamugwira mbali zonse, namugoneka pansi kumbuyo kwa galimoto kuti asaoneke. Asanamukweze anaona Nkole atakhala pamwala pafupi ndi khomo, chipumi chikuchucha magazi, akutsokomola ndi utsi. Maso awo anakumana. Nkole anayang'ana kumbali.

Kuchipatala anapeza kuti nthiti ziwiri zathyoka, mano atatu akutsogolo apita, ndipo khutu la kumanzere silidzamvanso. Mainess anafika opanda mtolo wake, anali atausiya pamsika osauza aliyense. Sananene kuti ndinakuuzani. Anangokhala pambali pa bedi akumupukuta matope m'tsitsi ndi kansalu konyowa.

Rodgers anabwera tsiku lachiwiri, nalira ngati mwana. Mwini nyumba ya ku George anali atachita mantha Lachisanu madzulo n'kukana kuti anthu ajambulire pakhomo pake. Rodgers anatumiza uthenga wa pa intaneti kwa onse kuti Loweruka kulibe ntchito, koma m'foni ya Hosea munalibe mabandulo. M'mawa mwake magetsi anali atazima kwa Rodgers, foni n'kuthera moto. Chigayo chija, anati, chinali chobiriwira chaka chatha. Anachipakanso utoto.

Apolisi anayeza zam'mabotolo aja, napeza madzi ndi shuga. Za chimene chinakomola Chipo, palibe amene anadzadziwa bwinobwino. Mainess anapita yekha ku George patatha mwezi, atanyamula madiresi anayi a mwana osankhidwa pabelo latsopano, ndi galasi la zenera. Norah analandira, nafunsa za khutu. Za Nkole sanakambe, ndipo Mainess sanafunse.

Patapita miyezi isanu, Rodgers anati amalize sewero lija. Ulendo uno anajambulira pabwalo la Hosea lomwe, ku Mtendere, ndipo gulu logwira Magwaza linali la anansi ake enieni, anthu amene ankadya nawo pamaliro ndi pamaukwati. Onse ankaseka poyeserera. Hosea anavala chikhoti chatsopano, naima pakona ya nyumba yake. Rodgers anakweza dzanja n'kulitsitsa. Anthu khumi ndi awiri anathamanga akukuwa kuti mugwireni.

Hosea sanakumbukire zimene zinachitika. Anadzazindikira ali pansi kuseri kwa mgolo wa madzi, mutu uli m'mikono, buluku litanyowa, Mainess akuthamangitsa anthu pabwalo ndi tsache. Rodgers anazima kamera. Gawo lomaliza linatuluka popanda Magwaza. Anangolembamo kuti wathawira kunja kwa dziko, ndipo oonera ena anadandaula kuti sewero latha mopanda mchere.

Chaka chonse chotsatira Hosea anakhala pamsika, akuthandiza mkazi wake kupinda zovala. Maukwati anawasiya, chifukwa phokoso la anthu ambiri linkamuopsa. Anali atavomereza kuti zake zatha, pamene mayi wina dzina lake Cynthia, wokonza masewero a pa wailesi ya mawu okhaokha, anabwera kudzagula jekete. Anamva Hosea akunenerera mtengo ndi kasitomala wina, mawu akutuluka ndi kamluzu pampata wa mano aja, ndipo anaima n'kumvetsera mpaka malondawo atatha. Ankafuna munthu woti akhale nkhalamba yokakamira m'sewero la za ulimi, yokana mbewu zatsopano.

Chipinda chojambuliramo mawu chinali chaching'ono, makoma ake omatidwa ndi masiponji, chopanda zenera loyang'ana kunja. Munali anthu atatu basi. Hosea anaima kutsogolo kwa maikolofoni, pepala lili m'manja, natembenuzira khutu lakumanja kwa Cynthia kuti amve malangizo. Anawerenga mzere woyamba mothamanga, mopanda moyo.

"Ba mudala, osathamanga," anatero Cynthia. "Palibe wamene akupitikisani. Yambaninso."

Hosea anapuma mpaka pamene nthiti zinamulola. Anapinda msana pang'ono, nagwetsa phewa limodzi, ngakhale panalibe woti aone, ndipo nkhalamba ija inayamba kukalipira mkamwini wake za chimanga cha makolo. Mnyamata woyendetsa makina anatseka pakamwa ndi dzanja kuti kuseka kwake kusalowe m'sewero. Anajambula magawo atatu tsiku limenelo, ndipo Cynthia anamuuza kuti abwerenso Lachiwiri.